Onoe Matsunosuke: mwamuna wa maso akulu amene anasewera m'mafilimu 1,000

Pa 11 September caka ca 1926, mu mzinda wa Kyoto ku Japan, munamwalira mwamuna wina wamfupi thupi, wa maso akulu-akulu, dzina lake Onoe Matsunosuke. Panatsala tsiku limodzi cabe kuti akwanitse zaka 51. Pa tsiku la maliro anthu anadzaza m'mbali mwa misewu kuti aone mtembo ukupita, ndipo malipoti a nthawi imeneyo anati ciwerengero cao cinafika ku 200,000. Munthu ameneyu nchito yake inali yosewera m'mafilimu, ndipo panthawiyo mafilimu anali opanda mau.

Tikhulupirira kuti ambiri mwa inu owerenga dzinali mwalimva lero koyamba. Ngakhale ku Japan komweko, acinyamata ambiri sangathe kukuuzani kuti munthuyu anali ndani. Koma a Onoe ndiwo anali wosewera woyamba m'dziko limenelo kuchuka cifukwa ca mafilimu, ndipo anaonekera m'mafilimu pafupifupi 1,000 m'zaka 17 cabe. Mwa mafilimu onsewo, amene alipo lero ndi ongowerenga pa zala, ndipo ena ndi zidutswa cabe. Taganiza kuti tikambe za moyo wao kuti tione mmene munthu wa m'gulu la masewero oyendayenda anakwerera pamwamba cotero, ndi mmene nchito yaikulu ngati imeneyo inatayikira.

Mwana wa ku Okayama

A Onoe anabadwa pa 12 September 1875 mu mzinda wa Okayama, kumadzulo kwa dziko la Japan. Dzina lao lobadwa nalo linali Nakamura Tsuruzo. Inali nthawi ya kusintha kwakukulu m'dzikolo. M'caka ca 1868 ulamuliro wa akulu a nkhondo ochedwa shogun unagwa, mphamvu zinabwerera kwa mfumu Meiji, ndipo boma latsopano linayamba kuthetsa maudindo a ankhondo akale ochedwa samurai. M'caka ca 1876, mwanayu ali wakhanda, boma linaletsa anthu kuyenda ndi malupanga m'misewu. Motero munthu amene anadzachuka cifukwa cogwira lupanga m'mafilimu anakulira m'dziko limene lupanga linali litacotsedwa kale m'ciuno mwa amuna, n'kutsala m'nthano ndi m'masewero.

Tsuruzo anakwera pa nsanja ya masewero koyamba ali mwana wa zaka zisanu kapena zisanu n'cimodzi, m'sewero la kabuki. Kabuki ndi masewero a cikhalidwe ca Japan amene anayamba kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1600. Osewera amapaka nkhope zao utoto, amavala zovala zolemera za mitundu-mitundu, ndipo amalankhula ndi kuyenda motsatira malamulo amene makolo anasiya. Mbali zonse, za amuna ndi za akazi zomwe, zimaseweredwa ndi amuna. Mnyamatayu anakopeka nazo kwambiri, kotero kuti ali ndi zaka ngati 14 anacoka pakhomo pa makolo n'kuyamba kutsatira magulu a masewero oyendayenda.

Moyo wa m'magulu amenewa unali wovuta. Osewera a kabuki ochuka a ku Tokyo ndi ku Osaka anali a m'mabanja odziwika, amene maina ao anali kupatsirana kucokera kwa tate kupita kwa mwana kapena wophunzira wokondedwa. Munthu wopanda banja lotere anali kuthera m'matauni ang'ono ndi m'midzi, kusewera m'maholo osauka, kudya malinga ndi ndalama zolowa pakhomo usiku umenewo. Tsuruzo anakhala m'moyo umenewu zaka pafupifupi 20. Poyamba anali kudziwika ndi dzina lakuti Onoe Tsurusaburo, anadzakhala mtsogoleri wa gulu lake, ndipo m'caka ca 1904 anatenga dzina lakuti Onoe Matsunosuke.

Kukumana ndi a Makino

Pamene a Onoe anali kuzungulira m'midzi, cinthu catsopano cinali citalowa m'dziko. Makina oonetsa zithunzi zoyenda a abale a Lumière a ku France anafika ku Japan m'caka ca 1897, ndipo m'caka ca 1903 holo yoyamba yoonetsa mafilimu okha-okha, ya Denkikan, inatsegulidwa ku Asakusa mu Tokyo. Ku Kyoto kunali wamalonda wina, a Yokota Einosuke, amene kampani yao ya Yokota Shokai inali kuitanitsa mafilimu a kunja ndi kuwaonetsa. Iwo anaona kuti mafilimu a kunja okha sakwanira, ndipo anapempha a Makino Shozo, amene anali kuyendetsa holo ya masewero ya Senbon-za, kuti ayambe kujambula mafilimu ndi osewera a pa holo yao. A Makino anajambula filimu yao yoyamba, Honnoji Kassen, m'caka ca 1908.

A Makino ndiwo anaona a Onoe akusewera n'kuwaitanira ku Senbon-za. M'caka ca 1909 anawaika m'filimu ya Goban Tadanobu, nkhani ya msilikali wakale Sato Tadanobu amene anamenyana ndi adani ake ndi thabwa loseweretsa masewera a go. Apa m'pamene panayambira zonse. A Onoe anali ndi zaka 34, msinkhu umene wosewera wa m'midzi amakhala atadziwa kale kuti sadzafika patali.

Kodi n'ciani cimene cinawayenereza nchito imeneyi? Osewera akulu-akulu a kabuki anali kuona mafilimu ngati cinthu conyozeka, cosayenera munthu wa dzina. A Onoe analibe dzina loti aliteteze. Cina n'cakuti zaka zambiri za m'midzi zinawaphunzitsa mbali zambiri-mbiri za masewero, kotero kuti sanali kufuna nthawi yaitali yokonzekera. Thupi lao linali lopepuka, lotha kulumpha ndi kugubuduzika. Ndiponso panali maso aja. M'kabuki, nkhani ikafika pacimake, wosewera amaima nji osagwedezeka n'kutong'ola maso, ndipo kaimidwe kameneka kamachedwa mie. Pa cinsalu copanda mau, pamene kamera ili patali, maso akulu a a Onoe anali kuonekera mpaka kwa munthu wokhala kumbuyo kweni-kweni kwa holo. Atasewera m'filimu ya Ishiyama Gunki m'caka ca 1910, oonerera anawapatsa dzina lakuti Medama no Matchan, kutanthauza Matsu wa maso akulu, ndipo dzinali linawakanirira mpaka imfa.

Mmene mafilimu anali kupangidwira

M'caka ca 1912 kampani ya a Yokota inagwirizana ndi makampani ena atatu, Yoshizawa Shoten, M. Pathe ndi Fukuhodo, n'kupanga kampani imodzi yaikulu ya Nikkatsu. Nchito inagawidwa pawiri. Situdiyo ya ku Mukojima mu Tokyo inali kupanga mafilimu a nkhani za masiku amenewo, pamene ya ku Kyoto inali kupanga a nkhani zakale za malupanga. Ku Kyoto, a Makino ndi a Onoe ndiwo anali msana wa nchito yonse.

Liwiro limene anali kugwirira nchito ndi lodabwitsa. Panali nthawi zina pamene anali kutulutsa mafilimu okwana asanu ndi anai pa mwezi umodzi, kutanthauza kuti filimu imodzi inali kutha m'masiku atatu. Maholo anali kusintha mafilimu kawiri-kawiri, ndiye kampani inali kufuna atsopano mosalekeza. Nthawi zambiri panalibe buku la sewero lolembedwa bwino-bwino. A Makino anali kuima pambali pa kamera n'kumauza osewera zoti acite ndi zoti anene. Kamera inali kuima pamalo amodzi ngati munthu wokhala pampando m'holo, wojambula akupukusa cogwirira ndi dzanja, osewera onse akuoneka kucokera kumutu mpaka kumapazi. Mabwalo a akacisi a mu Kyoto ndiwo anali malo ojambulirapo ambiri, popeza nyumba zake zinali zakale kale ndipo dzuwa linali laulere.

Tikati mafilimu opanda mau, tisaganize kuti m'holo munali zii. Pambali pa cinsalu panali kuima munthu wochedwa benshi, amene nchito yake inali yofotokoza nkhani ndi kulankhula m'malo mwa osewera. Pa mafilimu ngati a a Onoe, nthawi zambiri panali gulu la anthu angapo, aliyense akuyeserera mau a munthu mmodzi wa m'filimu, ndi oimba ng'oma ndi cilimba ca zingwe zitatu cochedwa shamisen. Mabenshi ena anali ochuka kuposa osewera. Ici ndico cifukwa cina cimene kamera inali kukhalira phee kwa nthawi yaitali: olankhula aja anali kufuna mpata woti amalize mau ao cithunzi cisanasinthe.

Nkhani zimene a Onoe anali kusewera zinali zimene Mjapani aliyense anali kuzidziwa kucokera ku ubwana. Yaikulu mwa zonse inali Chushingura, nkhani ya samurai 47 amene mbuye wao, Asano, analamulidwa kudzipha m'caka ca 1701 atavulaza nduna ina dzina lake Kira. Ankhondo akewo anadikira pafupifupi zaka ziwiri, n'kubwezera, kenaka naonso analamulidwa kudzipha. A Onoe anasewera mtsogoleri wa gululo, Oishi Kuranosuke, kangapo konse kuyambira m'caka ca 1910.

Ana anawakonda, ophunzira anawanyoza

Amene anakweza a Onoe pamwamba anali ana ndi anthu wamba, anyamata ophunzira nchito m'masitolo ndi anchito a m'mafakitale. M'zaka za m'ma 1910 ku Osaka kunali kutuluka timabuku tating'ono tochipa ta Tachikawa Bunko, todzala ndi nkhani za ngwazi zakale ndi za maninja ngati Sarutobi Sasuke. A Makino anatenga nkhanizi n'kuziika m'mafilimu. Anagwiritsa nchito njira yapafupi: kuimitsa kamera, kucotsa wosewera pamalo, n'kuyambanso kujambula. Pa cinsalu munthu anali kuoneka ngati wazimiririka mu utsi, kapena wasanduka nyama. M'filimu ya Goketsu Jiraiya ya 1921, imene ilipo mpaka lero, a Onoe asanduka cule wamkulu pakati pa nkhondo, adani ao n'kusowa pogwira. Ana a masiku ano amene amaonerera Naruto adziwa munthu wochedwa Jiraiya amene amaitana acule. Dzinalo ndi acule akewo zinacokera ku nthano yakale yomweyo.

Ana a ku Japan anali kutuluka m'maholo n'kuyamba kusewera za Matchan m'misewu, atagwira timitengo ngati malupanga, akupinda zala monga acitira maninja pofuna kuzimiririka. Aphunzitsi ndi makolo ena anadandaula kuti mafilimuwa akuononga ana, madandaulo amene m'badwo uliwonse umakhala nao pa zosangalatsa za ana ake.

Otsutsa amphamvu anali acinyamata ophunzira amene anali ataona mafilimu a ku America ndi ku Ulaya. Iwo anati zimene Nikkatsu inali kupanga ndi masewero a pa nsanja ojambulidwa cabe. Anafuna kuti kamera iziyandikira nkhope, zithunzi zizisinthana mofulumira, mau ofotokoza azilembedwa pa cinsalu, ndipo mbali za akazi ziziseweredwa ndi akazi eni-eni. Mmodzi wa atsogoleri a maganizo amenewa, a Kaeriyama Norimasa, anatulutsa filimu ya Sei no Kagayaki m'caka ca 1919 ndi wosewera wamkazi, a Hanayagi Harumi. M'caka ca 1920 kampani ya Shochiku inayamba kupanga mafilimu, ndipo a Kurishima Sumiko anakhala mkazi wochuka kwambiri pa cinsalu. Kwa ophunzira amenewa, dzina la Matsunosuke linali kuimira zonse zacikale zimene anafuna kucotsa.

Ife tiona kuti mbali zonse ziwiri zinali ndi mfundo. Mafilimu opangidwa m'masiku atatu sakanatha kukhala aluso lozama, ndipo ambiri anali ofanana nkhani ndi mamenyedwe. Komabe ndalama zimene anthu wamba anali kulipira pakhomo kuti aone Matchan ndizo zinathandiza kumanga masitudiyo a ku Kyoto ndi kulipira anthu amene anadzaphunziramo nchito. Ulemu unabweranso kucokera kumwamba. Kumapeto kwa caka ca 1921 a Onoe ndi gulu lao anasewera pamaso pa Kalonga Hirohito, amene panthawiyo anali kulamulira m'malo mwa atate ake odwala. Anasewera nkhani ya msilikali Kusunoki Masashige akutsazikana ndi mwana wake asanapite kunkhondo yomaliza. Filimu imene inajambulidwa tsiku limenelo boma la Japan linaiika m'gulu la cuma cofunika ca cikhalidwe ca dziko m'caka ca 2010.

Nthawi isintha

M'caka ca 1921 a Makino anacoka ku Nikkatsu n'kuyamba kampani yaoyao. Anali atatopa ndi mafilimu a mtundu umodzi-modzi ndipo anafuna kuyesa njira zatsopano ndi osewera acinyamata. Ubwenzi wa pa nchito wa zaka zoposa khumi unathera pamenepo. A Onoe anatsala ku Nikkatsu, kumene anapatsidwa udindo waukulu pa situdiyo ya ku Kyoto, akupitiriza kusewera.

Zinthu zinasintha mofulumira. Amuna osewera mbali za akazi anayamba kutha nchito, ndipo mmodzi wa iwo, a Kinugasa Teinosuke, anasanduka wotsogolera mafilimu n'kudzapata mphoto yaikulu ya ku Cannes m'caka ca 1954. Pa 1 September 1923 civomezi cacikulu cinaononga Tokyo ndi Yokohama, ndipo anchito a Nikkatsu a ku Tokyo anasamukira ku Kyoto ndi maganizo ao atsopano. Kwa a Makino kunatuluka mnyamata dzina lake Bando Tsumasaburo, amene kamenyedwe kake ka lupanga kanali kofulumira ndi koopsa, kosiyana ndi kuvina kwa kabuki kumene a Onoe anazolowera. Filimu yake ya Orochi ya 1925 inaonetsa samurai wozunzika, woponderezedwa ndi akulu acinyengo, m'malo mwa ngwazi yopambana nthawi zonse.

A Onoe sanaumirire pa zakale. Kuyambira m'caka ca 1924 analola akazi kusewera m'mafilimu ao, ndipo anapereka mpata kwa wotsogolera wacinyamata, a Ikeda Tomiyasu, kuti awajambule m'njira zatsopano. M'caka ca 1925 Nikkatsu inatulutsa Araki Mataemon monga filimu yokumbukira kuti a Onoe akwanitsa mafilimu 1,000, ndipo anthu anakhamukira kukaiona. M'caka ca 1926 anaseweranso Oishi m'filimu yaitali ya Chushingura yotsogoleredwa ndi a Ikeda omwewo. Munthu wa zaka 50 anali kuphunzira nchito yake mwatsopano pakati pa anyamata amene anakula akumuonerera.

Akulu anati ng'oma yoliritsa sicedwa kung'ambika. M'caka comweco ca 1926, ali pakati pojambula filimu ya Kyokotsu Mikazuki, a Onoe anagwa n'kudwala. Anagona miyezi ingapo, ndipo anamwalira ndi matenda a mtima pa 11 September. Kampani ya Nikkatsu ndiyo inayendetsa maliro, ndipo mwambo wonse unajambulidwa pa filimu imene ilipo mpaka lero. Manda ao ali pa kacisi wa Tojiin mu Kyoto.

Khamu limene linabwera ku maliro silinabwere cifukwa ca mafilimu okha. A Onoe sanaiwale umphawi wa zaka zao za m'midzi. Atapeza cuma, anali kupereka ndalama ku masukulu ndi ku nchito zothandiza ovutika, ndipo anapatsa boma la cigawo ca Kyoto ndalama zomangira nyumba za lendi yochipa za mabanja osauka. Nyumbazo anthu anali kuzichula ndi dzina lao. M'caka ca 1966 boma la cigawoco linaimika cifanizo cao m'paki ya m'mbali mwa mtsinje wa Kamo powathokoza pa nchito imeneyi.

Mafilimu 1,000 anapita kuti?

Filimu ya masiku amenewo inali kupangidwa ndi mankhwala ochedwa nitrate, amene amayaka moto mosavuta ndipo amaola akasungidwa pamalo otentha ndi a cinyezi. Makampani anali kupanga makope ocepa cabe a filimu iliyonse n'kuwazungulitsa m'maholo mpaka atang'ambika. Filimu ikatha kubweretsa ndalama, panalibe amene anali kuona cifukwa coisungira, popeza sabata yotsatira kunali kubwera ina. Civomezi ca 1923 cinatentha zambiri, moto wa m'nyumba zosungiramo unatenga zina, ndipo mabomba a nkhondo yaciwiri ya dziko lonse anamaliza zotsala. Kubwera kwa mafilimu olankhula, kuyambira ndi Madamu to Nyobo m'caka ca 1931, kunacititsa kuti akale aja aoneke opanda nchito kotheratu.

Zimene zinapulumuka ndi zocepa: Goketsu Jiraiya, Shibukawa Bangoro ya 1922, mbali za Chushingura yoyamba ija, ndi zina zowerengeka. Chushingura ya 1926 anthu anali kuiyesa yotayika mpaka m'zaka za m'ma 2010, pamene kope lake lofupikitsidwa linapezeka pa filimu yopapatiza ya mamilimita 9.5, mtundu umene mabanja anali kugula kuti aziona kunyumba. Nyumba yosungirako zinthu zakale za mafilimu ya Toy Film Museum ku Kyoto inalikonza n'kulionetsanso kwa anthu. Tingoganiza kuti cimene kampani yaikulu inalephera kusunga cinasungidwa m'kabokosi ka m'nyumba ya munthu wamba.

Apa m'pamene pali nkhani yotikhudza. Zinthu zimene anthu ambiri amakonda ndizo zimatayika msanga, cifukwa aliyense amaganiza kuti zili paliponse ndipo wina wake akuzisunga. Ophunzira a nthawi ya a Onoe analemba zambiri zotsutsa mafilimu ao, ndipo zolembazo zilipo, koma mafilimu amene anali kutsutsa kulibe. Lero wofufuza amene afuna kuweruza yekha ngati Matchan anali wosewera waluso ayenera kudalira tizidutswa tocepa, zithunzi za pa mapepala olengeza ndi zokumbukira za anthu amene anali ana panthawiyo, amenenso anapita kale.

Owerenga athu, ngati m'nyumba mwanu muli tepi ya sewero lakale, mbale ya nyimbo ya gulu limene linatha, kapena zithunzi za wosewera amene anali kukuseketsani muli ana, musazitaye poyeretsa m'nyumba. Zipukuteni fumbi, lembani dzina ndi caka, ndipo ngati n'kotheka zikopereni pa kompyuta. Mwina kope muli nalo inu ndilo lokha latsala.